Munthu wa ku Kotakota pa chilumba cha Unguja

Za ku Zanzibar sizinali m'mutu mwathu pamene tinkanyamuka ku Lilongwe. Ine ndi achemwali anga tinapita ku Dar es Salaam pa zifukwa zomwe Amalawi ambiri amapitira kumeneko: iwo kukaoda zitenje ndi nsapato ku Kariakoo, ine kukatenga galimoto ya msuweni wanga imene inkabwera pa sitima kuchokera ku Japan. Tinadutsa pa chipata cha Songwe, n'kugona ku Mbeya, m'mawa mwake n'kukwera basi imene inatiyendetsa tsiku lonse mpaka miyendo kutupa. Titafika, mnyamata amene ankathamanga ndi mapepala a galimoto ku doko anatiuza kuti tidikire masiku anayi. Achemwali anamaliza zooda zawo tsiku limodzi lokha. Madzulo ake tinakhala m'mbali mwa nyanja tikuonerera maboti oyera akuluakulu akulowa ndi kutuluka, ndipo iwo anati, "Achimwene, dzina la Zanzibar tinayamba kulimva tili ana pakhonde pa agogo. Ndiye tibwerere osakaponda, chonsecho ndi patsidya pomwepa?"

Boti limatenga pafupifupi maola awiri. Unali mwezi wa August ndipo nyanja inali itakalipa ndi mphepo yochokera kummwera imene iwo amaitcha kusi. Ndinaizindikira msanga, pakuti ndi nyengo yomweyi pamene mwera umatsekereza asodzi a kwathu kumtunda, mabwato atavundikiridwa pamchenga. Monga ife tili ndi mpoto, iwo ali ndi kaskazi, imene imaomba kuyambira cha mu November mpaka March. Mphepo ziwirizi ndi zimene zinalemeretsa Zanzibar: kaskazi inkabweretsa zombo za matanga kuchokera ku Oman, ku Persia ndi ku India, kusi n'kuzibweza zitadzaza katundu. Pa doko anatipempha mapasipoti ngakhale tinali tidakali m'dziko la Tanzania. Zanzibar ili ndi boma lake ndi pulezidenti wake. Inaphatikizana ndi Tanganyika pa 26 April 1964, ife tisanalandire ufulu wathu pa 6 July chaka chomwecho. Dzina lakuti Zanzibar ndi la zilumba zonse pamodzi. Chachikulucho, chimene tinafikirapo, eni ake amati Unguja, ndipo chinzake chakumpoto ndi Pemba.

Kumene tinagona kunali pepala lomatidwa pakhoma lonena za ulendo wa tsiku lathunthu, kuyambira 8 koloko m'mawa mpaka dzuwa kulowa, pamodzi ndi munthu wokuonetsani malo: tauni yakale, msika wakale wa akapolo, munda wa zokometsera zakudya, nkhomaliro, nkhalango ya Jozani, gombe la ku Paje. Mtengo unali m'madola ndipo unatiwawa m'thumba. Koma tinali ndi tsiku limodzi lokha, Chiswahili cha achemwali n'chonenerera mitengo pamsika basi, ndipo Unguja si ngati Likoma kumene munthu ungachoke mbali ina n'kukafika mbali ina wapansi. Kutalika kwake ndi makilomita pafupifupi 85. Tinalipira.

Tinalipo anthu asanu ndi atatu: ife awiri, bambo ndi mayi achikulire a ku Germany, atsikana awiri a ku Italy, ndi mnyamata ndi mkazi wake a ku Kenya amene anali atangomanga ukwati. Wotionetsa malo anali bambo wa imvi za apo ndi apo, atavala kofia yopeta ndi malaya oyera, wolankhula motsitsa mawu moti umachita kuyandikira kuti umve. Anayamba ndi kufunsa aliyense kwawo. Atafika pa ife ndinati Malawi.

"Malawi mbali iti?"

"Timakhala ku Lilongwe, koma kwathu kwenikweni ndi ku Nkhotakota."

Anakhala kaye duu, akutiyang'ana nkhope. "Kotakota," anatero, kutchula momwe ankatchulira akuluakulu akale. "Ndiye inu ndinu Wanyasa. Agogo awo a mayi anga ankatchedwa choncho. Karibuni nyumbani."

Achemwali anandigunyuza ndi chigongono. Mawu omalizawo sanafune womasulira. Kuyambira pamenepo tinkawaitana kuti a Mzee, iwo n'kumati dada kwa achemwali, kwa ine kaka.

Tauni yakale, imene alendo amati Stone Town koma eni ake Mji Mkongwe, salowamo ndi galimoto. Tinjira take n'topanikizika kwambiri, moti mukamva belu la njinga kumbuyo mumadziphatika kukhoma. Nyumba anamangira miyala yokumba m'nyanja ndi laimu, zambiri n'zosanja katatu kapena kanayi, ndipo m'munsi mwake muli timakonde totchedwa baraza pamene amuna amakhala akumwa khofi wakuda m'timakapu topanda chogwirira. A Mzee anatiphunzitsa kuwerenga zitseko: chozungulira pamwamba, chokhomedwa zamkuwa zosongoka, ndi kapangidwe ka Amwenye, cha ngodya zinayi, chozokotedwa mawu a m'Korani pamwamba pake, ndi ka Aluya. Tinadutsa pamsika wa Darajani, pamene nsomba imodzi inali yaitali ngati munthu, n'kutulukira ku linga limene Aluya a ku Oman anamanga cha m'ma 1700 atapirikitsa Apwitikizi. Pafupi pake pali Beit al-Ajaib, nyumba imene Sultan Barghash anamanga mu 1883, yoyamba pa chilumbachi kukhala ndi magetsi ndi chikepe. Mbali ina inagwa mu December 2020, choncho tinangoionera patali itatchingidwa. Kutsogolo kwake n'kumene zombo za Angelezi zinaima pa 27 August 1896 n'kuomba nyumba ya mfumu, pa nkhondo imene sinakwane ola limodzi. Zonsezi a Mzee ankazifotokoza bwino, koma diso lina lili pa wotchi.

Cha m'ma 10 koloko tinalowa pa geti la ku Mkunazini, kumene kunali msika wa akapolo. "Pano tili ndi mphindi 40," anatero.

Ndifotokoze kaye za kwathu. Ife tinakulira kufupi ndi mkuyu wa ku mishoni ya Anglican ku Nkhotakota, umene amati David Livingstone anakumanirapo ndi Jumbe. Kusukulu tinaloweza kuti Jumbe woyamba, Salim bin Abdallah, anakhazikika kumeneko cha m'ma 1840, kuti ankagula minyanga ya njovu ndi anthu, kuti anthuwo ankawaolotsa nyanja pa zombo za matanga n'kuwayendetsa wapansi miyezi ingapo, magoli ali m'khosi, mpaka ku Kilwa. Tinkalemba pa mayeso n'kukhoza. Agogo athu aakazi ankaisimba mwamtundu wina. Mawu akuti malonda a akapolo sankatuluka pakamwa pawo. Ankati nthawi imene anthu ankasowa: mtsikana wapita kukatunga madzi, mtsuko wapezeka padooko, mwini wake ayi. Nkhani yawo inkathera panyanja nthawi zonse, chifukwa amene anaoloka sanabwere kudzasimba zakutsogolo. Kwa inenso, mpaka tsiku limenelo, njira ija inkathera m'madzi a pa Nkhotakota.

Pabwalo limeneli ndi pamene inkafikira. Ku Kilwa ambiri ankawakwezanso zombo kubwera nawo ku Unguja, ndipo msika waukulu womaliza wogulitsirapo anthu unali pano. Unatsekedwa mu June 1873, Sultan Barghash atapanikizidwa ndi Angelezi. Pa Khirisimasi chaka chomwecho amishoni a Anglican a bungwe la UMCA anaika mwala wa maziko a tchalitchi cha Christ Church pamalo pomwepo, ndipo chilipobe, anthu amapempheramo Lamulungu lililonse.

Tinayamba ndi zipinda zapansi. Mumatsika masitepe ochepa, mutu mutawerama, n'kulowa m'chipinda cha denga lalifupi, chokhala ndi timazenera tating'ono ngati mpata wa njerwa imodzi. M'mbali muli poti n'kukhalapo, pakati ngalande. Tinali anthu asanu ndi anayi okha koma mpweya unayamba kuchepa, thukuta likuyenderera kumsana. A Mzee anati chipinda china chinali cha amuna, china cha akazi ndi ana. Tikutuluka anandikokera pambali n'kunena kuti ena olemba mbiri amati nyumba ili pamwambayi inamangidwa msika utatsekedwa kale, ndipo zipindazi mwina zinali zosungiramo katundu. "Koma za bwaloli palibe wotsutsa, kaka. Anthu ankagulitsidwa pomwe mwapondapa." Ndinawalemekeza kwambiri chifukwa cha mawu amenewa. Akanatha kundisiya ndi zimene zimagwetsa misozi msanga, koma anandiuza zonse ziwiri.

M'tchalitchi munali mdima wozizirira. Kutsogolo kwa guwa kuli mwala woyera wozungulira, wozingidwa ndi miyala yofiirira, ndipo amati pamenepo ndi pamene panali mtengo womangirirapo anthu powakwapula kuti ogula aone kulimba kwawo. Kuseri kwa guwa kuli manda a Bishopu Edward Steere, amene anatsogolera ntchito yomanga ndipo anamwalira mu 1882. Nditaima pamenepo ndinadzimva ngati ndili m'nyumba ya wachibale, ndipo si maganizo chabe. Amishoni a UMCA anayambira kwathu, ku Magomero, mu 1861, ndi Bishopu Charles Mackenzie. Iye atamwalira ndi malungo chaka chotsatira, ntchito inavuta, ndipo Bishopu Tozer anaisamutsira ku Zanzibar mu 1864. Kuchokera kuno ndi kumene anabwerera kunyanja kwathu n'kukhazikika pa Likoma mu 1885. Anyamata owomboledwa m'zombo za akapolo ankaphunzira pa sukulu ya Kiungani kunja kwa tauniyi, ndipo ena anakakhala aphunzitsi m'midzi ya m'mbali mwa nyanja yathu. Leonard Kamungu, wansembe woyamba wa Anglican wochokera mwa Anyanja, amene sukulu ya ubusa ya ku Zomba inatengera dzina lake, anaphunziranso ku Kiungani komweku. Tchalitchi cha St Peter's cha pa Likoma, chimene timanyadira, mizu yake ili pabwalo lino.

Pa chipilala china papachikidwa kamtanda kakang'ono ka mtengo. Anakasema kuchokera ku mtengo wa ku Chitambo, ku Zambia, umene patsinde pake anakwirira mtima wa Livingstone mu 1873. Alendo anzathu anajambula. Ine ndinkaganiza za amene ananyamula thupi lija miyezi yambiri kuchokera ku Chitambo mpaka ku Bagamoyo, patsidya pa madzi omwe tinaolokawa. Otsogolera anali Susi ndi Chuma. Chuma anali Myao, ndipo iye mwini anamasulidwa m'manja mwa ogulitsa anthu ali mnyamata mu 1861, kumapiri a ku Shire. Akanapanda kumasulidwa tsiku limenelo, akanagulitsidwa monga anzake. M'malo mwake anafika kunyanja yamchere ali mfulu, atanyamula maliro.

Sindikufuna kuti nkhaniyi ikhale ya amishoni okha, kapena kuti tchimo lonse tiwasenzetse Aluya. M'nyumba yosungiramo mbiri imene ili pabwalopo ndinaima nthawi pa mapu a njira za malondawo, ndikutsata ndi chala mzere wochoka kunyanja yathu kutsikira ku Kilwa. Munthu wa ku Oman sakanadziwa yekha mudzi umene uli kuseri kwa phiri, kapena nthawi imene atsikana amapita kudooko. Anamulozera ndi anthu akwathu. Mafumu ena analandira nsalu, mikanda, mfuti ndi onga, n'kupereka ana a anzawo. Zimenezi kunyumba timazinena mothamanga.

Panja pali dzenje la ngodya zinayi, ndipo m'menemo mwaima ziboliboli zisanu za anthu, zooneka kuyambira m'ntchafu kupita kumwamba ngati zikutuluka m'nthaka, unyolo wachitsulo ukuchoka m'khosi mwa wina kupita m'khosi mwa mnzake. Anazisema ndi mayi wa ku Sweden, Clara Sörnäs, mu 1998. Popeza zili m'dzenje, woonayo umaziyang'ana uli pamwamba, monga ankachitira wogula. Achemwali sanafune zimenezo. Anamanga chitenje n'kugwada m'mphepete kuti nkhope zilingane.

"Taonani mayi uyu, achimwene," anatero. "Masayawa, chipumichi. Si azakhali athu awa?"

Sindinayankhe, kukhosi kunali kutatseka. Nthawi yomweyo hutala ya minibasi inalira kunja kwa geti. A Mzee anabwera pang'onopang'ono, manja kumbuyo. "Samahani, dada. Nthawi." Achemwali sanadzuke. Anangoti, m'Chichewa, "Madzi saiwala khwawa, a Mzee. Tabwera ndife." Kaya anamva mawu angati, koma anabwerera, n'kutenga anzathu aja kukawaonetsa pogulitsira mabuku, kutisiyira mphindi zina zisanu.

Apa ndi pamene mtima wanga unawawa ndi ulendowu, ndipo ukuwawabe. Pa pepala lija bwaloli analipatsa mphindi 40, gombe analipatsa maola atatu. A Mzee alibe mlandu. Pepalalo sanalembe ndi iwo. Olemba ake amadziwa kuti ambiri obwera kuno alipirira mchenga woyera, ndipo amakonza tsiku motengera zimenezo. Koma kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo pali malo ena oti munthu sungawaone wotchi ikukuthamangitsa.

Minda ya zokometsera ili cha ku Kizimbani, kumpoto chakum'mawa kwa tauni, kumene nthaka ndi yofiira ndipo mitengo ndi yothithikana. Anatilandira mnyamata wa kampeni kakuthwa amene ankathyola tsamba, n'kulifikisa, n'kutinunkhitsa kuti tilote dzina. Achemwali, amene khitchini ndi kwawo, anakhoza jinja ndi udzu wothira mu tiyi, zina zonse zinawagonjetsa. Zinthu zimene timaziona zili ufa m'timabotolo m'sitolo, apa zinali ndi mizu ndi masamba. Sinamoni ndi khungwa la mtengo, ndipo muzu wa mtengo womwewo umanunkhira ngati mankhwala opaka pachifuwa pa chimfine. Tsabola wakuda ndi chomera choyanga pa mitengo ina, timbewu take tili m'ngala ngati mikanda yobiriwira. Vanila naye amayanga, ndipo duwa lake amachita kulikwatitsa ndi dzanja, limodzilimodzi, n'chifukwa chake amadula. Anang'amba chipatso chachikasu cha kungumanga (nutmeg pa Chingerezi), m'kati n'kutulukamo njere yakuda yokutidwa ndi ulusi wofiira ngati magazi. Wina anakwera mtengo wa kokonati chingwe chili kumapazi, akuimba, n'kutigwetsera zipatso zanthete zoti timwe madzi ake. Mtsikana wa ku Kenya uja anamupaka milomo ndi njere zofiira za chipatso china chaubweya, mwamuna wake akuseka. Kunali kosangalatsa ndithu, ndipo nanenso ndinaseka.

Kenako tinafika pa mitengo ya karafuu (cloves pa Chingerezi). Ndi mitengo yaitali, ya masamba onyezimira, ndipo chimene amakolola ndi timaluwa tisanamasule. Amatithyola ndi manja, munthu atakwera mpaka kunsonga, n'kutiyanika pamphasa masiku angapo mpaka tide n'kuuma ngati timisomali. Inali nyengo yake, moti m'mbali mwa msewu munali mphasa zoyalidwa ndipo fungo linkalowa mpaka m'minibasi. Mnyamata uja ananena kuti karafuu amaletsa dzino kuwawa, amakoma mu pilau, n'kupitirira ku mtengo wina.

Ine ndinatsalira ndi a Mzee. Ndinkadziwa kuti mbewu imeneyi inabwera kuno kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1800, ndi kuti Seyyid Said, amene anasamutsa likulu lake kuchoka ku Muscat kubwera ku Zanzibar cha m'ma 1840, analimbikitsa kuti idzalidwe paliponse mpaka zilumbazi zinatchuka pa dziko lonse ndi karafuu. Ndinayang'ana kutalika kwa mtengowo, ndi kuchepa kwa kaluwa kamodzi m'dzanja langa.

"A Mzee, minda yonseyo ankathyola ndani?"

"Mwawaona kale m'mawa uja, kaka," anatero. "Si onse amene ankapita kutsidya kwa nyanja. Ambiri ankathera muno. Agogo aja ndakuuzani anali m'munda ngati uno."

Anapitiriza kuti kutsekedwa kwa msika mu 1873 sikunamasule amene anali kale m'minda. Lamulo lothetsa ukapolo pa zilumbazi linabwera mu 1897, ndipo pakati apo anthu ankalowetsedwabe mozemba usiku, n'kumabisidwa m'malo ngati Mangapwani. Mphepo yamkuntho ya mu 1872 inagwetsa mitengo yambiri ya karafuu pa Unguja, n'chifukwa chake lero wambiri amachokera ku Pemba. Pa pepala la ulendo, msika wa akapolo ndi munda wa zokometsera zinalembedwa m'mizere iwiri yosiyana, china cha chisoni, china cha chisangalalo. Pansi pa mtengo uja ndinaona kuti ndi nkhani imodzi, ndipo palibe akanandiuza ndikanapanda kufunsa.

Nkhomaliro tinadyera pamphasa m'mudzi womwewo: pilau, nsomba yophikira mkaka wa kokonati, masamba a chinangwa osinja ngati chigwada cha kwathu. A Mzee anatisiya kaye kupita kukaswali pa kamzikiti kapafupi. Anthu ambiri a pa chilumbachi ndi Asilamu, ndipo kwa ife a ku Nkhotakota kumva kuitana kwa mapemphero masana sikunali kwachilendo. Atabwerako anatiuza kuti mpunga ukakhala m'munda iwonso amati mpunga, ukapunthidwa ndi mchele, ukapsa ndi wali. Achemwali anayamba kuwaponyera mawu: nyumba, mbuzi, nyama, ngalawa. Onse ankawadziwa. Tikanapitiriza, koma dalaivala anali ataliza kale injini.

Jozani ili pamtunda wa makilomita pafupifupi 35 kuchokera m'tauni. Inakhazikitsidwa kukhala malo otetezedwa a dziko mu 2004, ndipo chokopa anthu ndi anyani a msana wofiira, a ubweya woyera wonyankhalala pamutu, amene kwawo ndi kuno kokha ndipo atsala masauzande ochepa. Dzina lawo ndi kima punju. Nditamva kima ndinakumbukira nchima wa m'nkhalango za kwathu. Manja awo alibe chala chachikulu, ndipo amadya makala kuti achepetse ululu wa m'masamba ena amene amadya. Sitinavutike kuwafuna; anali m'mitengo ya m'mbali mwa msewu, mayi wina mwana atakangamira pamimba, osatilabadira n'komwe. Pamsewupo anaika mahampu kuti galimoto zisamawagunde. Tinayendanso pa kamlatho ka matabwa kodutsa m'mitengo yomera m'madzi amchere, nkhanu zikulowa m'mauna m'matope akuda. Ola silinakwane.

Ku Paje, kugombe la kum'mawa, ndinaona chinthu chimene mwana wa kunyanja ya Malawi sachidziwa. Nyanja kunalibe. Mchenga woyera ngati ufa unangoti mbee kupita kutali, ngalawa zitagona chammbali pouma, ndipo madzi ankaoneka ngati kamzere kobiriwira kumapeto. Kwathu nyanja imakwera ndi kutsika potengera mvula ya chaka. Pamene unasiya bwato m'mawa umalipeza pomwepo madzulo. Kuno madzi amachoka ndi kubwerera kawiri pa tsiku, mokokedwa ndi mwezi. Ndinafunsa a Mzee dzina lake. "Maji kupwa," anatero. Madzi kuphwa.

Anzathu anapita kukagona pamipando ya pansi pa maambulera, ena kukaonerera azungu amene ankakokedwa pamadzi ndi makaiti akuluakulu. Ife tinavula nsapato n'kulunjika kumene kunali amayi atawerama m'madzi ofika m'akakolo, atavala kanga mpaka kumutu. Anali m'minda. Amakhoma zikhomo mumchenga, n'kumanga zingwe m'mizere ngati ya mbatata, ndipo pa zingwezo amamangirira tizidutswa ta ndere za m'nyanja zimene amati mwani. Pakapita masabata pafupifupi asanu ndi limodzi amakolola, n'kuyanika, n'kugulitsa kwa otumiza kunja, kumene amachotsamo zolimbitsira zinthu ngati mankhwala otsukira mano ndi ayisikilimu. Ulimiwu unayamba kuno chakumapeto kwa zaka za m'ma 1980, ndipo ambiri ochita ndi amayi.

Achemwali sachedwa kupeza mnzawo. Posakhalitsa anali atagwira chingwe limodzi ndi mayi wina wa msinkhu wawo, akufunsana za mitengo monga amachitira anthu a geni. Mayiyo anati mtundu wa mwani wokwera mtengo ukufa chifukwa madzi osaya akutentha kwambiri masiku ano, watsala wotchipa, ndipo mtengo amanena ndi wogula. Anaonetsa manja ake osweka ndi mchere, ndi maso ofiira chifukwa cha kunyezimira kwa dzuwa pamadzi. Achemwali anapukusa mutu n'kuti, "Ngati soya kwathu." Atamaliza anapinda chitenje kukhala nkhata, n'kusenza thumba limodzi lodontha madzi mpaka kumtunda, amayi enawo akuwaimbira m'manja. Tikufika pouma, madzi anali atayamba kutilondola kumbuyo mwakachetechete, ndipo pasanathe maola awiri ngalawa zija zinali zikuyandama.

Tinabwerera m'tauni dzuwa likulowa. Anatitsitsa ku Forodhani, kumene madzulo alionse amayala matebulo a zakudya m'mbali mwa nyanja, nyali zili ngwee, anyamata akudumphira m'madzi kuchokera pakhoma. Tinamwa madzi a nzimbe ofinyira pomwepo ndi jinja ndi ndimu, n'kudya urojo, msuzi wowawasa wothiramo mbatatesi ndi zokazinga. Potsanzikana achemwali anapereka kangachepe ndi manja awiri, atapinda maondo, monga tichitira kwa akulu. A Mzee analandiranso ndi manja awiri.

"Boti lanu ndi la nthawi yanji mawa?"

"Masana, a Mzee."

"Ku Mkunazini amatsegula m'mawa. Pitani magulu asanayambe kufika. Mukakalowa m'tchalitchi, mukayang'ane mizati ya chakukhomo. Amisiri anaiimika chadodolido bishopu atachokapo. Lero sindinakuonetseni." Anaima pang'ono. "Mukakafika ku Kotakota mukapereke moni."

M'mawa mwake tinasochera kawiri m'tinjira tija tisanaone nsanja ya tchalitchi. Tinalipiranso pa geti. Pabwalo panali mayi mmodzi yekha akusesa masamba. Mizati ija tinaipeza, mitu ili pansi monga ananenera. Tinakhala m'mphepete mwa dzenje lija nthawi yaitali, ndipo achemwali anaimbira foni mayi athu ku Nkhotakota pa WhatsApp n'kutembenuza kamera kuti aone. Mayi anakhala chete, kenako anati, "Tayandikitsa ndione nkhopezo." Anawaonetsa imodziimodzi, zonse zisanu.

Pobwerera kusi inali itakula kuposa dzana. Boti linkakwera ndi kumenyetsa pansi, ndipo ogwira ntchito ankagawa timatumba tosanziramo. Achemwali ankatafuna kachidutswa ka jinja kamene mnyamata wa kumunda anawapatsa, kathumba ka karafuu ka mayi kali pamiyendo. Ine ndinali pawindo, ndikuyang'ana nsanja ya tchalitchi pakati pa madenga a malata, mpaka madzi othovukira pagalasi ananditchinga.